Kodi Wopambana Mlandu Ayenera Kuyembekezera?

MU September 2011, mabanja pafupifupi 700 okhala m'nyumba zosanja za Schubart Park, chakumadzulo kwa chimake cha mzinda wa Pretoria ku South Africa, anapezeka ali m'misewu ndi m'malo ongobisalamo mvula. Kwa masiku angapo nyumba zawozo zinali zopanda madzi ndi magetsi. Pa September 21 ena a iwo anachita chionetsero chaukali, moto unabuka m'nyumba imodzi, ndipo apolisi anayamba kutulutsa anthu. Anthuwo anathamangira ku Bwalo Lalikulu la ku Pretoria kukapempha kuti abwerere kwawo. Woweruza, atamva umboni wakuti nyumbazo zinali zangozi, anakana pempholo.

Patapita chaka, pa October 9, 2012, Bwalo la Malamulo Aakulu a Dziko, limene lili ku Johannesburg, linapereka chigamulo chake kupyolera mwa Woweruza Johan Froneman. Linanena kuti panalibe lamulo la bwalo lochotsa anthuwo kotheratu, ndi kuti iwo anayenera kubwerera m'nyumba zawo mwamsanga pamene kuteroko kukakhala kotheka. Papepala, iwo anapambana. Komabe zaka zoposa khumi zinapita nyumbazo zili chiimire popanda wokhalamo.

Nkhani imeneyi imadzutsa funso limene limakhudzanso anthu amene sanapondepo phazi mu Pretoria. Pamene bwalo lagamula kuti nyumba kapena munda ngwa uje, ndiyeno wolephera mlanduyo nkuchita apilo, kodi wopambanayo atenge chake tsiku lomwelo, kapena kodi ayembekezere kufikira bwalo lapamwamba litanena mawu omaliza? Ndipo ngati lamulo lamlola kutenga, kodi zimenezo zokha zimakupangitsa kukhala kolungama?

Mayankho Aŵiri a Funso Limodzi

Maiko sayankha funsoli mofanana. Malaŵi ndi Zambia, amene anatengera kwambiri malamulo a ku England, amatsatira mfundo yakuti apilo payokha siimitsa chigamulo. Wolephera mlandu ndiye ayenera kupempha bwalo kuti chigamulocho chiyambe chaima, ndipo ayenera kupereka zifukwa zomveka. Lingaliro lake nlakuti munthu amene wavutika ndi mlandu napambana sayenera kumanidwa phindu la kupambana kwakeko popanda chifukwa.

South Africa ndi Zimbabwe, amene malamulo awo ali ndi mizu m'malamulo a Aroma ndi Adatchi, amayambira kumbali inayo. Kumeneko apilo yotsutsa chigamulo cha Bwalo Lalikulu imaimitsa chigamulocho, ndipo wopambana ndiye ayenera kupempha chilolezo ngati afuna kuti chigwire ntchito msanga. Mu 1977, pamlandu wa South Cape Corporation, Woweruza Michael Corbett analongosola zimene bwalo liyenera kupenda polingalira pempho lotero: chivulazo chosabwezeka chimene wochita apilo angakumane nacho, chivulazo chimene wopambana angakumane nacho mwa kuyembekezera, ndiponso ngati apiloyo ili ndi mutu kapena yangochitidwa kuti nthaŵi ipite kapena kuti mnzake avutike. Woweruza anali ndi ufulu waukulu wa kuika zonsezi pasikelo.

Mu 2013 nyumba ya malamulo ya South Africa inachepetsa ufulu umenewo. Chigawo 18 cha lamulo lotchedwa Superior Courts Act chimafuna kuti wopambana asonyeze zinthu zitatu: kuti mkhalidwe wake ngwapadera, kuti iye adzavulazidwa mosabwezeka ngati ayembekezera, ndi kuti mnzakeyo sadzavulazidwa mosabwezeka ngati chigamulo chigwira ntchito. Sikulinso kokwanira kusonyeza kuti kuvutika kwa wopambana nkokulirapo. Ndiponso, bwalo likapereka chilolezocho liyenera kulemba zifukwa zake nthaŵi yomweyo, ndipo wolephera ali ndi ufulu wa kuchita apilo ina yofulumira kubwalo lotsatira, chilolezocho chili choimitsidwa. Chipata chimenechi nchopapatiza, koma sichotsekeka. Mu 2017 Bwalo Lalikulu la ku Pretoria linachotsa Berning Ntlemeza paudindo wake wa mkulu wa apolisi ofufuza otchedwa Hawks, ndipo linalamula kuti achoke ngakhale kuti anali kuyesa apilo. Bwalo Lalikulu la Apilo ku Bloemfontein linavomereza zimenezo. Koma udindo ndi nyumba nzosiyana. Wochotsedwa paudindo amapita kwawo madzulo. Nanga wochotsedwa kwawo amapita kuti?

Zimene Zinachitika ku Angus Mansions

Mlandu umene unaika funsoli poyera unachitikira pamtunda wa makilomita pafupifupi 60 kummwera kwa Pretoria. Angus Mansions inali nyumba yosanja ya pakati pa Johannesburg, mmene munali kukhala mabanja oposa 60. Nyumbayo inali ya kampani yosafuna phindu yotchedwa Philani-Ma-Afrika, yokhazikitsidwa kaamba ka ubwino wa okhalamowo. Munthu wina anaigula, dzina lake linaloŵa m'kaundula wa boma, ndipo anapempha bwalo kuti okhalamowo achoke. Iwo anatsutsa, akumati awo amene anagulitsa nyumbayo analibe mphamvu ya kuigulitsa.

Chakumapeto kwa 2008 Bwalo Lalikulu la ku Johannesburg linagamula mokomera wogulayo. Ndiyeno linachita zinthu ziŵiri zovuta kuziyanjanitsa. Linalola okhalamowo kuchita apilo, limalolanso wogulayo kuwatulutsa apiloyo isanamvedwe. Talingalirani tanthauzo la zimenezo. Kupereka chilolezo cha apilo ndiko kuvomereza kuti oweruza ena angaone nkhaniyo mwanjira ina. Kulola kuti anthu atulutsidwe ndiko kuchita monga ngati palibenso chikayikiro.

Okhalamowo anathamangira ku Bwalo la Malamulo Aakulu a Dziko, limene linaimitsa kutulutsidwako. M'chigamulo cha 2009 cholembedwa ndi Woweruza Thembile Skweyiya, bwalolo linaona kuti kutaya nyumba kuli chivulazo chachikulu kwa munthu ndi ulemu wake, pamene kuvutika kwa wogulayo kunali kwa ndalama. Linaonanso kuti bwalo loyambalo silinapende lamulo la 1998 lotetezera anthu ku kutulutsidwa kosayenera. M'chaka chomwecho Bwalo Lalikulu la Apilo linamva apiloyo ndipo linapeza kuti kugulitsa nyumbayo kunalidi kosaloleka. Chotero, chilolezo chija chikanagwira ntchito, mabanja oposa 60 akanatulutsidwa kuti apereke malo kwa munthu amene pomalizira pake anapezeka kuti sanali mwini nyumbayo.

Sikuti woweruza woyambayo anali woipa mtima. Oweruza ali anthu, ndipo dongosolo lonse la apilo limakhalapo chifukwa chakuti mabwalo enieniwo amadziŵa kuti akhoza kuphonya. Chigamulo choyamba chili ndi mphamvu ndipo chiyenera kulemekezedwa, komano chidakali chokhoza kusintha. Munthu amene wachigwira m'manja angakhale wotsimikiza ndi mtima wonse kuti choonadi chili kumbali yake. Wogula Angus Mansions angakhale analinso wotsimikiza motero.

"Madzi Akatayika Saoleka"

Akuluakulu akale anazindikira kuti pali zolakwa zimene zingawongoledwe ndi zina zimene sizingawongoledwe. Pamenepa ndi pamene pagona nkhani. Ngati bwalo lalamula munthu kulipira ndalama, ndiyeno apilo nkusintha chigamulo, ndalamazo zingabwezedwe limodzi ndi chiwongoladzanja. Kodi nchiyani chimene chingabwezedwe kwa banja lotulutsidwa m'nyumba molakwa?

Makiyi angabwezedwe. Koma mwana amene anasiya sukulu pakati pa chaka chifukwa banja linasamukira kutali sabwezeredwa chaka chimenecho. Mayi amene ankayenda pansi popita kuntchito, amene tsopano afunikira ndalama ya minibasi ziŵiri, mwina pofika tsiku la apilo ntchitoyo idzakhala itatha. Katundu woikidwa pamsewu amanyowa, amabedwa, amagulitsidwa motchipa kuti papezeke ya lendi. Nkhalamba imene inadziŵa mnansi woigoneka kuchipatala usiku imapezeka pakati pa alendo. Ndipo pali manyazi a kuona mphasa ndi miphika yako zili pabwalo ana ako akuyang'ana. Palibe loya amene angaŵerengere mtengo wa zimenezo.

Pretoria inapereka chitsanzo china choŵaŵa. Mu March 2006 anthu pafupifupi 100 okhala m'zisakasa pamalo opanda kanthu ku Garsfontein anathamangitsidwa ndi antchito a mzinda, apolisi ndi oona za oloŵa m'dziko, popanda lamulo lililonse la bwalo. Mapulasitiki ndi matabwa a zisakasa zawo anatenthedwa. Malamulo a South Africa ali ndi njira yakale kwambiri yothandizira munthu wolandidwa chinthu mwamphamvu: wolandayo ayenera kuyamba wabweza, ndiyeno za umwini nkukambidwa pambuyo pake. Koma kodi phulusa lingabwezedwe motani? Mu 2007, pamlandu wodziŵika ndi dzina la bungwe la Tswelopele, Woweruza Edwin Cameron wa Bwalo Lalikulu la Apilo anafunikira kupeza njira ina m'malamulo aakulu a dziko, ndipo bwalolo linalamula akuluakulu a bomawo kumangira anthuwo pokhala pena pongoyembekezera.

Pali chifukwa chake malamulo a South Africa amachita mantha ndi kufulumira pankhani ya nyumba. Ku Pretoria komweko kunali Lady Selborne, malo amene anthu akuda anali ndi ufulu wa kugula ziwembu zawozawo za malo kuyambira kuchiyambi kwa zaka za zana la 20. Pansi pa lamulo la Group Areas Act, malowo anaikidwa kukhala a azungu, ndipo m'ma 1960 anthu ake anasamutsidwira ku Ga-Rankuwa, Atteridgeville ndi Mamelodi. Amwenye a ku Marabastad anapititsidwa ku Laudium. Zonsezo zinachitidwa mwalamulo, ndi mapepala osainidwa bwino. Nchifukwa chake malamulo aakulu a dziko a 1996, pachigawo 26, amaletsa kutulutsa munthu aliyense m'nyumba yake kapena kuigwetsa popanda lamulo la bwalo loperekedwa pambuyo pa kupenda mikhalidwe yonse. Mawuwo amanena za munthu aliyense, chotero amaphimbanso mlendo wochokera ku Mzimba, Chipata kapena Tete amene akuchita lendi kachipinda ku Sunnyside.

Nanga Bwanji za Mwini Malo?

Kungakhale kusaona mtima kulekera pamenepa, monga ngati kuti wopambana mlandu nthaŵi zonse ali wolemera wouma mtima. Tayerekezerani mkazi wamasiye wa ku Mamelodi amene mwamuna wake anamsiyira nyumba yaing'ono. Iye amaichititsa lendi kuti alipirire ngongole ya kubanki ndi fizi ya adzukulu. Wokhalamo waleka kulipira. Pambuyo pa miyezi yambiri ndi ndalama za loya zochita kukongola, mayiyo apambana mlandu. Mlungu wotsatira auzidwa kuti pali apilo, ndipo apilo ingatenge chaka kapena kuposapo. Banki siyembekezera apilo. Ngati nyumbayo igulitsidwa ndi banki nthaŵiyo isanakwane, kodi chivulazo cha mayiyo nchandalama chabe? Madzi akenso atayika.

Anthu amati mlandu suola. Nzoona, koma anthu a mlanduwo amakalamba, amadwala, ndipo chuma chawo chimatha. Kampani ya Modderklip Boerdery, imene inali ndi famu pafupi ndi Benoni, inaona zimenezi. Mu 2000 anthu anayamba kumanga pafamupo, ndipo m'kupita kwa nthaŵi chiŵerengero chawo chinafika pafupifupi 40,000. Mu 2001 kampaniyo inapambana mlandu wakuti achoke. Koma sherifu anafuna chikole cha R1.8 miliyoni kuti agwire ntchitoyo, ndalama zoposa mtengo wa malo okhalidwawo, ndipo apolisi anati nkhaniyo sinali yawo. Kampaniyo inapita ku Bwalo Lalikulu la ku Pretoria ili ndi chigamulo chimene sichikanachita kanthu. Mu 2005 Bwalo la Malamulo Aakulu a Dziko linagamula kuti boma lilipire kampaniyo, ndi kuti anthuwo akhalebe pamalopo kufikira atapezeredwa kwina.

Chigamulo chimene sichingagwire ntchito chimaphunzitsa anthu phunziro langozi. Mwininyumba amene waona kuti bwalo silimthandiza amayamba kulingalira zochotsa zitseko, kudula madzi, kapena kulemba ganyu anyamata a zibonga. Chotero amene amaumirira kuti zigamulo zizigwira ntchito msanga sali kwenikweni adani a amphaŵi. Akutetezera chinthu chimene mmphaŵi amachifuna koposa wolemera, ndicho chidaliro chakuti mikangano imathera kubwalo, osati pankhonya.

Mu 2011, pamlandu wa Blue Moonlight wonena za anthu 86 okhala m'nyumba zakale ku Berea mu Johannesburg, Bwalo la Malamulo Aakulu a Dziko linayesa kugwira mbali zonse ziŵiri. Linati mwini malo angafunikire kuleza mtima kwakanthaŵi, koma sangakakamizidwe kusunga anthu kwaulere mpaka kalekale. Thayo la kupezera anthuwo pokhala pongoyembekezera linaikidwa pa khonsolo ya mzinda. Kaŵirikaŵiri m'milandu yotere mumakhala munthu wachitatu amene saoneka pamene aŵiriwo akulimbana, ndipo ulesi wake ndiwo umakulitsa mkanganowo.

Chikumbumtima cha Wochita Apilo

Lamulo limene limaimitsa chigamulo linapangidwira munthu amene akukhulupirira moona mtima kuti woweruza waphonya. Koma khomo lotsegulira woona mtima limaloŵetsanso wochenjera. Pali ena amene amadziŵa bwino lomwe kuti ngongole ali nayo, kuti pangano analiswa, ndi kuti apilo yawo idzalephera. Chimene akufuna ndicho miyezi ina khumi ndi iŵiri ya kukhala kwaulere, kapena kutopetsa mnzawo kufikira atavomera zochepa.

Munthu wotero angadzitonthoze kuti sanaswe lamulo lililonse. Koma kodi kugwiritsira ntchito nyumba ya wina mwa kunamizira kukayikira kumene mulibe mumtima kumasiyana motani ndi kuitenga mobisa? Ndiponso iye amavulaza ena amene sakuwadziŵa. Apilo yachinyengo iliyonse imatalikitsa mzera wa milandu, ndipo imachititsa oweruza kukayikira apilo ya munthu wotsatira, amene mwina ali ngati a ku Angus Mansions.

Pali chiyeso chosavuta chimene wochita apilo angadziyese nacho. Kodi ali wokonzeka kupitiriza kulipira zimene sakuzitsutsa pamene akuyembekezera? Kodi akusamalira nyumbayo monga chinthu chimene mwina adzafunikira kubweza? Kodi akufulumiza apiloyo, kapena amakondwera tsiku la mlandu likasunthidwa? Amene afuna chilungamo amafuna kuti tsikulo lifike msanga.

Zimene Bwalo Silingalamule

Tsopano bwererani kwa wopambana amene bwalo lamlola kutenga chake apilo isanathe. Iye ali ndi pepala losainidwa, ndipo sherifu ali wokonzeka. Palibe amene angamuimbe mlandu wa kuswa lamulo. Komabe chilolezo sichili lamulo lomkakamiza. Bwalo lamuuza zimene angachite, ndipo chosankha cha kuchita kapena kusachita, liti ndipo motani, chatsala m'manja mwake.

Iye angachite bwino kudzifunsa funso limene oweruza amafunsa, koma moona mtima kuposa mmene loya wake angalilembere: Ngati apilo idzasonyeza kuti ndinalakwa, kodi ndidzakhoza kubweza chimene ndikutenga lero? Ngati chili sitolo yotsekedwa, galimoto kapena munda wosalimidwa, mwina yankho nlakuti inde. Ngati muli ana ndi okalamba, ndipo ali opanda kwina kopita, yankho limasintha. Funso lachiŵiri nlovutirapo kuliyankha: Kodi kufulumiraku nkwa kuopa kutaya chuma, kapena nkwa kufuna kuona mdani akugwada? Milandu yaitali imasiya mkwiyo, ndipo mkwiyo umadziŵa kuvala malaya a chilungamo.

Zimenezi sizitanthauza kuti wopambana ayenera kugonja nthaŵi zonse. Mkazi wamasiye wa ku Mamelodi uja sangaimbidwe mlandu wa nkhanza chifukwa chofuna kupulumutsa nyumba yake kubanki. Koma pakati pa kutulutsa anthu maŵa ndi kuyembekezera zaka pali njira zambiri zimene anthu aukali samaziona. Ndalama za lendi zingasungidwe kwa loya kufikira apilo itatha. Tsiku lochoka lingaikidwe pambuyo pa mayeso a ana kapena nyengo yachisanu itapita, pakuti usiku wa June ku Gauteng ngwozizira kwambiri. Wopambana angalonjeze kuti sadzagulitsa kapena kugwetsa nyumbayo apilo isanathe, kotero kuti ngati chigamulo chisintha padzakhale chinthu chobwererako. Onse aŵiri angapemphe pamodzi kuti apiloyo imvedwe msanga. Njira zimenezi sizichotsera mwini malo umwini wake. Zimangosiya mpata wakuti cholakwa, ngati chilipo, chiwongoleke.

Mabwalo a South Africa afika pakufuna kuti mbali ziŵirizo zizikambitsirana moona mtima anthu asanatulutsidwe, makamaka pamene mbali imodzi ili boma. Koma bwalo lingalamule anthu kukhala pansi pamodzi, silingaike kuona mtima m'kati mwawo. Pamlandu wa Schubart Park, chigamulo cha 2012 chinalamula khonsolo ya Tshwane ndi okhalamowo kukambitsirana za amene anali oyenera kubwerera, za tsiku lobwerera, ndi za pokhala pawo pakali pano, ndi kukapereka lipoti ku Bwalo Lalikulu la ku Pretoria. Nyumbazo, zomangidwa m'ma 1970 kaamba ka antchito a boma, zinali kale zowonongeka pamene anthu anatulutsidwa. Pamene misonkhano ndi malonjezo a kuzikonza zinali kupitiriza chaka ndi chaka, akuba anazula mazenera, zitseko ndi mipope, ndipo ana amene anatuluka m'nyumbazo ali kumsana anakulira kwina.